Nsalu zachitsulo za a El Anatsui: amazilumikiza bwanji, ndipo wofuna kuyesa ayambire pati?

Funso: Ndine wowotcherera zitsulo ku Ndirande, ndimapanga mageti ndi mafelemu a mawindo. Ndinaona chithunzi cha chinsalu chachikulu chonyezimira chitapachikidwa pakhoma, pansi pake atalemba kuti ndi zitsekerero za mabotolo zolumikizidwa ndi a El Anatsui. Kodi amenewa ndani, ndipo amachita bwanji kuti chitsulo chizipindika mofewa chonchija? Ndatolera thumba lathunthu la zitsekerero za Fanta ndi za mowa. Ndingayambe ndi zimenezi?

Yankho: Achimwene, tiyambe ndi thumba lanulo. Tengani maginito a sipika yakutha muwalowetsemo. Zitsekerero zamanomano m'mbali zija, zotsegula ndi opena, zonse zikakamira ku maginitowo chifukwa ndi chitsulo chenicheni. N'zolimba kuboola, zimalemera, ndipo mukazikhoma kuti ziphwatalale utoto umasupuka, dzimbiri n'kulowa nyengo ya mvula isanathe. A Anatsui satenga zimenezo. Iwo amatenga zitsekerero zopotokola za pa mabotolo a mowa waukali monga jini, burande ndi wisiki, zija zokhala ndi khosi lalitali lomwe limathyoka mukamatsegula botolo koyamba. Zimenezi ndi aluminiyamu. Maginito sazigwira, kukhuthala kwake ndi mamilimita 0.2 kapena kupitirirapo pang'ono, zimadulika ndi lumo, zimapindika ndi zala, ndipo sizichita dzimbiri lofiira. Theka la yankho lanu ndi limeneli. Theka linalo lili pa kamangidwe ka waya, ndipo tifikapo.

El Anatsui anabadwa mu 1944 ku Anyako, m'chigawo cha Volta ku Ghana, pakati pa anthu a mtundu wa Ewe. Bambo awo anali msodzi komanso woluka nsalu za kente, ndipo iwo ndi chitsirizira mwa ana 32 a bambowo. Mayi awo anamwalira iwo akadali aang'ono, n'kukakulira kwa amalume awo omwe anali m'busa wa mpingo wa Presbyterian. Anaphunzira zosemasema ku sukulu ya ukachenjede ya sayansi ndi luso ku Kumasi chakumapeto kwa zaka za m'ma 1960, n'kuyamba kuphunzitsa ku Winneba. Mu 1975 anasamukira ku Nigeria kukaphunzitsa ku University of Nigeria m'tauni ya Nsukka, komwe anakumana ndi wojambula wa ku Nigeria a Uche Okeke ndi anzawo omwe ankafufuza zojambula zamakolo za Aigbo zotchedwa uli. Anaphunzitsa kumeneko mpaka 2011.

Zitsekererozi zinabwera mochedwa kwambiri pa moyo wawo, ali ndi zaka zoposa 50, ndipo ndikufuna mumvetse zimene zinatsogola. Ali ku Winneba ankagula mbale zamatabwa zomwe amayi amayalapo malonda pamsika, n'kumazilemba ndi chitsulo chamoto zizindikiro zamakolo za ku Ghana zotchedwa adinkra. Atafika ku Nsukka anatembenukira ku dothi, ndipo mu 1979 anaonetsa miphika yomwe ankaumba, kuiswa dala, n'kuilumikizanso. Mu 1980, ali ku Cummington ku America, anagwira makina ochekera mitengo aja a tcheni, n'kuona kuti mano ake amasiya mabala ankhanza pathabwa. Kwa zaka pafupifupi 20 zotsatira anasema ndi makinawo ndi moto, akumaika matabwa opapatiza mondondozana pakhoma, oti wopachika angathe kuwasinthanitsa malo. Mu 1990 ntchito zoterezi zinafika ku chionetsero chachikulu cha Venice Biennale ku Italy. Kenako kunabwera zitsulo zotayidwa: zivindikiro za zitini za mkaka wa Peak mu 1999, malata obowolabowola opalira chinangwa chopangira chakudya chotchedwa gari omwe anamanga nawo chipupa chotchedwa Crumbling Wall mu 2000, ndi malata akale osindikizira nyuzipepala. Pa zonsezi khalidwe lawo ndi limodzi. Amasankha chinthu chimodzi chomwe chadutsa m'manja mwa anthu ambiri ndipo chikupezeka chochuluka, n'kukhala nacho zaka mpaka atachidziwa kunja ndi mkati. Iwo eni amanena kuti waluso zimamuyendera bwino akamagwiritsa ntchito zimene dera lake likutaya.

Chakumapeto kwa zaka za m'ma 1990 anatola thumba la zitsekerero za mowa litatayidwa patchire kufupi ndi Nsukka. Linakhala miyezi m'nyumba yawo yogwirira ntchito asanadziwe chochita nalo. Zoyamba kutuluka mmenemo, Man's Cloth ndi Woman's Cloth, zinaonetsedwa ku October Gallery ku London mu 2002, ndipo British Museum inazigula. Dziko lonse linawadziwa mu 2007 ku Venice, pomwe ntchito zawo Dusasa I ndi Dusasa II zinapachikidwa mkati mwa chionetsero, ndipo Fresh and Fading Memories inakuta kumaso kwa nyumba yakale ya Palazzo Fortuny. Mu 2013 anakuta kumaso kwa nyumba ya zaluso ya Royal Academy ku London ndi chinsalu chotalika mamita oposa 20, mu 2015 analandira mphoto ya Golden Lion ku Venice chifukwa cha ntchito ya moyo wawo wonse, ndipo mu 2023 anadzaza holo yaikulu ya Tate Modern, nyumba yoonetsera zaluso ku London, ndi ntchito yotchedwa Behind the Red Moon. Zina mwa ntchito zawo zagulidwapo pa mtengo woposa madola miliyoni imodzi. Masiku ano amagwira ntchito ku Nsukka ndi ku Tema kwawo ku Ghana.

Sanasankhe zitsekerero za mowa chifukwa cha kunyezimira kokha. Mowa waukali unali m'gulu la katundu yemwe Azungu ankabwera naye kugombe la kumadzulo kwa Africa, ndipo unkasinthanitsidwa ndi anthu. Akapolo omwewo ankakalima nzimbe kutsidya la nyanja, nzimbezo n'kupangidwa mowa, mowawo n'kubwereranso kudzagula anthu ena. Lero mowawu ukuphikidwa m'mafakitale a mu Nigeria momwemo, ndipo mukayandikira chinsalucho mumawerenga maina ake pa kachidutswa kalikonse, monga Dark Sailor ndi King Solomon. Woona ali patali amaona golide wachifumu, woyandikira amaona zimene anthu wamba akumwa. Ine ndimaona kuti mphamvu ya ntchitoyi ili pa mtunda umenewu wa pakati pa kutali ndi pafupi, ndipo ambiri omwe amawatsanzira amatenga kunyezimirako n'kusiya zinazo.

Tsopano kapangidwe kake. Zida zake n'zochepa kuposa zomwe muli nazo kale m'shedi mwanu: lumo lodulira malata, pulayala yakuthwa kukamwa, pulayala yodulira waya, nyundo yamtengo, kachitsulo kosongoka kobooolera kapena msomali wonoledwa, ndi chipika cha mtengo wofewa. Makina owotcherera atsekeni. Aluminiyamu wopyapyala chonchi amangopsa n'kubooka mukamuyandikiza moto wa welding, ndipo ngakhale atagwirana mungakhale mwapha kupindika komwe mukufunako.

Yambani ndi kutsuka. Chotsani kapulasitiki kapena kapepala ka mkati mwa chitsekerero, muviike zonse m'madzi ofunda a sopo, mutsukuluze, muyanike padzuwa mpaka ziume gwa. Zotsalira za mowa ndi shuga zimaitana nyerere ndipo zimasunga chinyezi pomwe waya adzadutse. Musayerekeze kuviika mu soda waukali uja wotsukira mapaipi kapena wopangira sopo. Ameneyu amadya aluminiyamu, madzi amachita thovu, mpweya wotulukawo umayaka, ndipo mudzapeza zitsekerero zanu zitachita mbuu ndi kunyenyeka.

Chitsekerero chimodzi chimakupatsani zidutswa ziwiri. Dulani khosi lake kuchokera pansi kukafika pamwamba, kenako muzungulire ndi lumo kuti mulekanitse denga lozungulira ndi khosilo. Khosi mukalitambasula limakhala kalamba, denga limakhala kandalama. Pa chitsekerero cha masentimita 3 m'mimba mwake, kalambako kamatalika masentimita 9 ndi pang'ono. Powongola, ikani mbali ya utoto pansi pa katoni kapena chiguduli, mumenye kumsana ndi nyundo yamtengo kawiri kapena katatu basi. Hamala yachitsulo pa simenti imasupula utoto, ndipo kumenya kwambiri kumaumitsa aluminiyamu mpaka amayamba kuthetheka pomwe mwapinda. Ku Nsukka zidutswazi amazisandutsa mitundu yambirimbiri: zina amazisiya zotambalala, zina amazipinda makona, zina amazipota, zina amazifinya, ndipo timikombero topyapyala tomwe timatsala pakhosi la botolo amatilumikiza kukhala ukonde woonekera kuseri. Inu yambani ndi mitundu iwiri yokha, kalamba ndi kandalama, kufikira manja atazolowera.

Pa kuboola ndi pomwe ambiri amaonongera ntchito asanaiyambe. Bowo likhale la mamilimita 1.5, ndipo litalikire mamilimita 3 kuchokera m'mphepete. Likayandikira kuposa apo waya amang'amba chitsulocho tsiku lopachika. Likalowa mkati kwambiri zidutswa zimakwerana, chinsalu n'kuchita mabwinya olimba. Dulani kalamba kamodzi ka lata wokhuthala, mukaboole bwinobwino mabowo 6, atatu m'mphepete mwa kumtunda ndi atatu kumunsi, kakhale muyezo woika pamwamba pa chidutswa chilichonse. Mabowo oboola mwa diso sagwirizana, ndipo mzere umayamba kukhota pang'onopang'ono, mudzazindikira mutafika mita yachiwiri. Boolani kuchokera ku mbali ya utoto kuti timano ta bowo titulukire kumsana, kenako mutigogode tigone, chifukwa timano timeneti timacheka waya ndi zala zomwe.

Waya wake ndi wa kopa, wofewa, wa mamilimita 0.5 kapena 0.6. Mfundo iliyonse ikhale payokha: kawaya ka masentimita 4, kolowa m'bowo la chidutswa ichi ndi la chinzake, n'kupotedwa katatu kumsana, nsonga zake n'kuzigoneka. Musasoke mzere wonse ndi waya mmodzi wautali. Akaduka pamodzi mzere wonse umamasuka, komanso waya wautali amagwira zidutswa kuti zisagwedezeke. Ndipo chachikulu pa zonse ndi ichi: mfundoyo isathine. Iyenera kukhala kamphete komwe zidutswa ziwirizo zikulendewerapo, mpata wa milimita imodzi kapena awiri uli pakati pawo. Njira yosavuta ndi kulowetsa msomali wa mainchesi awiri mkati mwa kampheteko popota, n'kuusolola mukamaliza, kuti mphete zonse zifanane. Dzanja la wowotcherera linazolowera kuti polumikiza pazikhala nganganga, ndiye poyamba mudzathinitsa ndithu. Yesani motere: lumikizani zidutswa 20, muzigoneke pa mkono wanu. Zikagwa mbali zonse ziwiri zokha monga imachitira mphasa yakale, mwakhoza. Zikaima chilili ngati lata, dulani mfundozo muyambirenso, chifukwa chinsalu chothina chimapindikira pa chitsulo m'malo mwa pa mfundo, ndipo chitsulo chikapindidwa kangapo pamalo amodzi chimathyoka.

Tiwerengere limodzi kuti mudziwe chomwe mukulowa. Kalamba ka masentimita 9 ndi 2 kamakuta masikweya sentimita 18, kotero sikweya mita imodzi imafuna timalamba 550 kapena kuposerapo pang'ono. Tinene 600 powerengera toonongeka. Mabowo 6 pa chidutswa ndiye kuti mfundo 3 pa chidutswa, chifukwa mfundo imodzi imadya mabowo awiri. Zonse pamodzi ndi mfundo 1,800, waya mamita 72, wolemera magalamu pafupifupi 130 mpaka 180 malinga ndi kukhuthala kwake. Munthu womanga mfundo 3 pa mphindi amatha maola 10 pa kumanga kokha, osawerengera kutsuka, kudula ndi kuboola. Chinsalu cha mamita 3 ndi 4 ndi zitsekerero zoposa 7,000 ndi mfundo zoposa 21,000, koma kulemera kwake sikufika makilogalamu 10. N'chifukwa chake a Anatsui sagwira okha. Amalemba achinyamata ambiri a m'dera la Nsukka, aliyense atakhala pa benchi ndi mulu wake. Mukadzafika polemba anthu, muziwalipira pa chigamba chomwe mwachiyesa n'kuchivomereza, ndipo muziwalipira bwino, chifukwa wothamangira kuchulukitsa ndi amene amathinitsa mfundo ndi kulumpha mabowo.

Waya wabwino ndi wa m'mamota akupsa, wa m'mafani, m'mapampu ndi m'mafiriji, yemwe amakhala ndi vanishi wofiirira. Okonza mamota amakhala naye wosolola. Waya wa kopa wogulitsidwa mobisa, wosadziwika kochokera, musamuyandikire. Nthawi zambiri amakhala wodulidwa ku mizere ya magetsi kapena ya telefoni, ndipo mlandu wake umagwera wogula yemwe. Musaotchenso waya wokutidwa pulasitiki kuti mutulutse kopa. Utsi wake ndi poizoni, ndipo kopa wootchedwa amatuluka wakuda.

Musamange chinsalu chonse ngati chinthu chimodzi kuyambira pakona. Ku Nsukka amapanga zigamba zing'onozing'ono, chilichonse cha mtundu umodzi ndi kapindidwe kamodzi, n'kuziunjika. Kenako amaziyala pansi, mwini wake n'kumazisuntha, kuchotsa ichi, kubweretsa icho, kujambula chithunzi, kusinthanso, mpaka maso atakhuta, ndipo pamenepo m'pamene zigambazo zimalumikizidwa. Luso lenileni lagona apa. Pangani zigamba za masentimita 30 mbali zonse, muzisanje padera zofiira, zakuda, zagolide, ndi zotembenuza zomwe zikuonetsa siliva wa mkati. Ziyaleni pa simenti yosesa, mukwere pa tebulo, mujambule ndi foni. Chithunzi chaching'ono chimaulula zomwe diso la pafupi silingaone, monga kufiira kounjikana mbali imodzi. Cholakwa chofala ndi kusakaniza mitundu yonse mofanana paliponse, chinsalu n'kungokhala phokoso. Siyani dera lalikulu la mtundu umodzi wodekha, siliva kapena golide, mitundu yaukaliyo ibwere pang'ono ngati mizere kapena kusefukira kuchokera m'mphepete. M'mphepetemo simukuyenera kukhala mowongoka.

Popachika, a Anatsui sapereka malangizo. Amasiyira opachikawo kuti apinde mmene akuonera, kotero ntchito imodzi imaoneka mwina ku London, mwina ku New York. Ena amadabwa nazo, koma ndi chifukwa chake chenicheni cha mfundo zomasuka zija: iwo amafuna chosema chosaumirira maonekedwe amodzi, ndipo amakana kuti ntchito zawo zizingotchedwa nsalu za kente zachitsulo. Kwa inu phunziro la manja ndi lakuti musapachike pa mzere wa pamwamba pokha. Ngakhale chinsalu chili chopepuka, makilogalamu onsewo akagwera pa mabowo ochepa aluminiyamu amang'ambika, mzere n'kumatsika umodziumodzi. Mizere itatu yapamwamba muipange ya zidutswa ziwiriziwiri zophatikiza, ndipo mukhome timisomali kapena tingowe pa masentimita 30 mpaka 40 alionse, m'mwamba ndi m'kati momwe. Mapindo amapangidwa pokweza chinsalu ndi dzanja kuchokera pansi, n'kuchikoleka pa msomali wa mkati kuti chotsalacho chigwe chokha. Ponyamula, pindani mbali ya utoto ili mkati, mutayala pepala kapena nsalu pakati, kuti nsonga za waya zisakande utoto.

Pali mdani wina wosaoneka msanga. Kopa ndi aluminiyamu zikakhudzana pali chinyezi, aluminiyamu ndi amene amadyeka. Mudzaona kaufa koyera kuzungulira mabowo, bowo n'kumakula mpaka mfundo itasololoka. M'nyumba mouma izi zimatenga zaka zambiri ndipo si zodetsa nkhawa. Panja pa mvula, m'khonde lonyowa, kapena kunyanja komwe mpweya ndi wachinyezi, zimafulumira. Apa m'pamene waya wa m'mota amapambana, chifukwa vanishi wake amalekanitsa zitsulo ziwirizo, musamupale. Ntchito yokakhala panja muimange ndi waya wa aluminiyamu, ndipo muipopere vanishi woyera mbali zonse ziwiri. Dziwaninso kuti dzuwa limafufutsa utoto wofiira msanga kuposa wina uliwonse, kotero wogula mumuuziretu.

Za thupi lanu mukuzidziwa, koma achinyamata omwe mudzawalembe sakuzidziwa. M'mphepete mwa aluminiyamu wodula kumene mumacheka ngati lezala, ndipo tinsonga ta waya timauluka podula. Magalasi oteteza maso akhalepo, magolovesi opyapyala podula, ndi katemera wa kafumbata kwa aliyense wotola zinthu kudzala. Zitini ndi zitsekerero za mankhwala a mbewu kapena ophera tizilombo musazitole n'komwe, kutsuka sikuzichotsa poizoni.

Vuto lomwe mukumane nalo msanga ndi kupeza zitsekerero zokwanira. Ku Nigeria mafakitale a mowa amagulanso mabotolo akale n'kutaya zitsekerero zake milumilu, ndipo n'kumene a Anatsui amazipeza zochuluka. Kuno mabotolo ambiri a mowa waukali wotsika mtengo amabwera ndi zitsekerero zapulasitiki, ndipo aluminiyamu yemwe alipo akulimbiranidwa ndi osungunula mapoto. Gwirizanani ndi eni mabala ndi malo ogona alendo, muwasiyire chidebe, muzikatenga pa sabata. Zitsekerero za vinyo nazo ndi aluminiyamu ndipo khosi lake ndi lalitali, limapereka kalamba kotambalala bwino. Malata akale osindikizira, omwe osindikiza mabuku ndi nyuzipepala amagulitsa akatha ntchito, amakhuthala mamilimita 0.15 mpaka 0.3, amadulika bwino, ndipo amakhala ndi zilembo za nkhani zathu zomwe. Zitini za zakumwa ndi zopyapyala kwambiri, pafupifupi milimita 0.1, zimang'ambika pa bowo pokhapokha mutapinda m'mphepete kawiri musanaboole.

Ndikulangizeni mosabisa: chigamba choyamba ndi chachiwiri mutsanzire a Anatsui kuti manja aphunzire, koma musaike moyo wanu pa kupanga zofanana ndi zawo. Aliyense wogula zaluso amawadziwa, ndipo adzangoti mwakopera. Inu muli ndi chinthu chomwe njira yawo ya zitsekerero siigwiritsa ntchito, ndicho moto wowotcherera. Anzathu a ku Maputo anayenda njira imeneyo: kuyambira 1995 bungwe la mipingo la Christian Council of Mozambique linkasinthanitsa mfuti za nkhondo yapachiweniweni ndi makasu, njinga ndi makina osokera, mfutizo n'kudulidwa n'kuperekedwa kwa amisiri monga a Gonçalo Mabunda ndi a Kester omwe anawotcherera mipando ndi zosema zomwe zafika m'mayiko ambiri. Yang'anani pansi pa benchi yanu ndi kwa ogulitsa sikirapu a ku Ndirande komweko: timapisi ta ndodo zowotcherera, matcheni ndi masipoko a njinga za kabaza, makasu akutha, zodulidwa za malata a zidebe. Chomwe chikupezeka masauzande ndi chimene mungamange nacho ntchito yaikulu.

Zitsekerero za m'thumba lanu zija zingalowe pamenepo. Popeza ndi chitsulo, ziphwatalitseni, muziboole ndi dirilo ya mamilimita 2 mabowo anayi, muzimange ndi waya wachitsulo wopyapyala, osati wa kopa, mphete zake zomasuka chimodzimodzi. Zidzalemera kangapo kuposa aluminiyamu, choncho ziwotcherereni felemu ya ndodo za mamilimita 8 kapena 10 yoti zizilendewerapo, ndipo chigamba chilichonse chisapitirire mita imodzi kutsika chisanapeze ndodo ina yochigwira. Dzimbiri lidzabwera ndithu. Mukalifuna, lisiyeni lifike pa mtundu womwe mwaukonda, mupukute fumbi lake ndi burashi yofewa, muumitse padzuwa tsiku lathunthu, kenako mutseke ndi vanishi kawiri, mbali zonse.